Mlendo Apenya ndi Maso a Mwini Dziko

Ana a sukulu akafunsidwa kuti ndani anapeza mathithi akulu a pa Zambezi, onse amayankha pamodzi kuti ndi David Livingstone, m'caka ca 1855. Yankho limeneli liri m'mabuku, ndipo tauni imene iri pafupi ndi mathithiwo inachedwa dzina la munthu yemweyo. Koma ali yense amene anakhalapo mlendo, monga mnyamata wotsika kumene sitima ku Nkana kapena ku Mufulira ali ndi kabokosi pamutu, adziwa kuti mlendo sapeza kanthu payekha. Pamafunika munthu wa pomwepo woti amuuze kuti apa mpoyenda, apo mpoopsa. Akale anati safunsa anadya phula. Nkhani ino ikamba za anthu amene anafunsidwa njira: eni mabwato a pa Zambezi, ndi anzao a ku Nagasaki, dooko la ku Japan, amene anagwira nchito yonga yomweyo ngakhale sanamvane mbiri.

Eni mathithi

Kalekale Mzungu asanaponde m'dzikomo, m'mbali mwa mathithi munali Aleya a mfumu Mukuni. Pa zilumba ndi pa madooko a kumtunda panali anthu a Sekute, ndipo ca kumpoto kunali Atoka a Musokotwane. Dzina la malowo m'cinenero cao linali Shungu Namutitima. Anali nao malo ao othirira nsembe pafupi ndi phompho, ndipo pakati pa Aleya, mai wolemekezeka wochedwa Bedyango, amene alamulira pamodzi ndi mfumu, ndiye asunga miyambo ya nthaka ndi ya mvula kufikira lero lino.

Pambuyo pace kunadza Akololo a mfumu Sebetwane, anthu olankhula cinenero cofanana ndi Cisutu, amene anathawa nkhondo za kumwera. Iwo anaoloka Zambezi m'zaka za m'ma 1830, nagonjetsa Atoka ndi Alozi. Poona nthunzi ya madzi ikukwera kumwamba ndi kumva mkokomo wace, anacha malowo Mosi-oa-Tunya, ndiko kuti utsi wogunda.

Livingstone ndi mnzace William Cotton Oswell anafika kwa Sebetwane m'caka ca 1851, ndipo mfumuyo inawafunsa ngati kwao kuli utsi umene umagunda. Oswell anajambula mathithiwo pa mapu ace asanawaone, pongotsata zimene anthu anamuuza. Motero Livingstone anakhala zaka zinai akudziwa za mathithi, dzina lace ndi kumene ali, asanapiteko. Cimene cinatsala ndico munthu womfikitsa.

Ulendo wa 1855

Sebetwane anafa m'caka comweco ca 1851, ndipo patapita kanthawi mwana wace Sekeletu analowa ufumu. Iyeyu ndiye ananyamuka ndi Livingstone ku Linyanti kumayamba kwa November, 1855, ali ndi anthu ace ngati 200. Usiku wina mvula yamkuntho inawapeza panjira akatundu atatsogola, ndipo mfumu inafunditsa mlendo wace cofunda cace, iyo nigona pambalambanda. Inampatsanso ng'ombe 12, makasu, mikanda yogulira bwato, mafuta ndi uci. Ulendo wonsewo unayenda pa cuma ca Akololo.

Anatsikira ndi mtsinje kufika pa cilumba ca Kalai, pamene panali manda a Sekute wakale, ozingidwa ndi minyanga ya njobvu 70. Pa 16 November Livingstone anakwera bwato, ndipo atayenda pang'ono anaona nthunzi zisanu zitaima ngati utsi wa lupsa. Atayandikira, anatsika m'bwato lalikulu nalowa m'kabwato kopepuka ka anthu odziwa bwino mafunde a pamenepo. Anthuwa anapyola pakati pa miyala, kutsata madzi obwerera kuseri kwa matanthwe, kufikira anakoceza pa kacilumba kamene kali pamlomo penipeni pa phompho. Pamenepo mlendoyo anakwawa nasuzumira pansi.

Iye anayesa kuti kuya kwace kuli ngati mamita 30, pamene pena pafika mamita 108, ndipo m'mimba mwa mathithi onse muli mamita 1,708. M'mawa mwace anabweranso pamodzi ndi Sekeletu, nabzala nthanga za mapicesi ndi za khofi, nalemba zilembo za dzina lace pa mtengo. Mathithiwo anawacha dzina la Mfumukazi Victoria ya ku England. Mundawo sunakhalitse, pakuti mvuu zinaupondereza. Za anthu amene anapalasa kabwato kaja tsiku limenelo, buku lace linawatama luso lao, koma silinachule dzina la ngakhale mmodzi.

Pali cinthu cina cofunika kucizindikira. Livingstone anamvanso dzina lakale la malowo, nalilemba kuti Shongwe. Koma popeza omperekeza anali Akololo, dzina limene linamveka ku maiko onse ndi la Cikololo lija. Ufumu wa Akololo unatha m'caka ca 1864, pamene Alozi anawaukira, koma Mosi-oa-Tunya ali pa mapu, pa msewu waukulu wa m'tauni ndi pa nkhalango yosungira nyama. Dzina la eni nthaka limamveka makamaka m'midzi mwao. Zimene wotsogolera njira auza mlendo, ndizo zimene dziko lonse limadzaphunzira.

Tuba Mokoro

Livingstone anabweranso pa 9 August, 1860, pamodzi ndi mphwace Charles ndi Dr. John Kirk. Ulendo uno dzina la mwini bwato linalembedwa. Anali Tuba Mokoro, kumasulira kwace woswa mabwato. Dzinali silinali lolimbitsa mtima, koma anthu anati ndi iye yekha amene anali ndi mankhwala ochinjiriza bwato pa mafunde a pamwamba pa mathithi.

Tuba anaika lamulo lakuti m'bwato musamveke mau, kuopa kusukulutsa mankhwala. Alendowo anamvera, ndipo posacedwa anaona nzeru yace ya lamulolo. Tuba anali kuima kutsogolo ndi mtengo wautali wokankhira, akuyang'ana miyala ndi zitsa za m'madzi, nafuulira mnzace woongolera kumbuyo. Phokoso la alendo likadasokoneza woongolerayo kamphindi kamodzi, onse akadapita kuphompho. Pamalo pena mtengo wa Tuba unaterereka pa thanthwe, bwato linagunda, madzi nalowa kufika pakati. Iye anadzuka msanga, nakankhira bwato pa madzi osaya, nakapa madziwo. Pofotokoza anati mankhwala alibe cifukwa; colakwa cinali cakuti iye ananyamuka osadya kanthu m'mawa.

Masiku owerengeka m'mbuyo mwace, pamalopo panafika mlenje wa ku England dzina lace William Baldwin, amene anadza yekha potsata kampasi ya m'thumba. Iye anapempha anthu a Mashotlane, nduna ya Akololo yoyang'anira dookolo, kuti amuolotse. Ali pafupi kufika tsidya, anadumphira m'madzi nasambira kumka kumtunda. Mashotlane anakwiya namlipiritsa. Mlandu wace unali wakuti pamalopo pali ng'ona zambiri, ndipo zikadamgwira, abale ace akadanena kuti Akololo ndiwo anamupha. Baldwin anaona ngati amcitira nkhanza, koma nduna inanena mwambo umene ali yense wa kumudzi audziwa: wolandira mlendo ndiye asenza moyo wace, ndipo mlendo akafa, mlandu utsala ndi mwini dooko.

Ku Nagasaki

Mwambo umenewu suli wa pa Zambezi pokha. Kutali kum'mawa, pa cilumba ca Kyushu m'dziko la Japan, kuli mzinda wa Nagasaki, womangidwa pa mapiri ozinga dooko lalitali. Zombo za Apwitikizi zinayamba kukoceza kumeneko m'caka ca 1571. Patapita zaka, olamulira a Japan anacita mantha ndi cipembedzo ndi mfuti za alendowo, ndipo m'caka ca 1639 anawapitikitsa. Mwa Azungu onse analola Adachi okha, nawaika m'caka ca 1641 pa Dejima, kacilumba kopangidwa ndi manja a anthu m'dooko momwemo, kakukula ngati mabwalo awiri a mpira. Kanali kozingidwa ndi mpanda, ndipo kanali ndi kaulalo kamodzi kokha kolowera mumzinda, alonda ali pomwepo usana ndi usiku. Zinakhala comweco zaka zoposa 200.

Mdachi wofuna kuona mzinda anayenera kupempha cilolezo, ndipo akaloledwa anali kuyenda pakati pa alonda ndi omasulira mau. Omasulirawa anali a mabanja odziwika, nchito yocoka kwa atate kumka kwa mwana. Udindo wao unali wa mbali ziwiri: kuonetsa mlendo zimene aloledwa kuona, ndi kumbisira zotsalazo. Anali kulumbira kuti sadzaulula za dziko lao, ndipo woswa lumbirolo anali kulangidwa koopsa.

M'caka ca 1690 pa Dejima panafika dotolo wa ku Germany, Engelbert Kaempfer, wolembedwa nchito ndi kampani ya Adachi. Akulu a pacilumbapo anampatsa mnyamata woti azimtumikira ndi kuphunzira za mankhwala. Kaempfer anamphunzitsa Cidachi, ndipo mnyamatayo anayamba kumbweretsera mabuku, kummasulira zolembedwa, ndi kumfotokozera za akacisi, za malamulo, za malonda ndi za mbiri ya mafumu. Anatsagana naye kawiri ku Edo, mzinda umene lero uchedwa Tokyo, kukaonekera kwa shogun, mkulu wa ankhondo amene anali kulamulira dziko. Uli wonse unali ulendo wa miyezi ngati itatu, kupita ndi kubwera.

Kaempfer anacoka m'caka ca 1692, namwalira m'caka ca 1716. Buku lace la mbiri ya Japan linasindikizidwa ku London m'caka ca 1727, ndipo kwa zaka 100 anthu a ku Ulaya anadziwa Japan makamaka kupyolera m'buku limenelo. Mwini buku anabvomera poyera kuti zambiri anazipeza mwa mnyamata uja, koma dzina lace sanalilembe. Linadziwika m'caka ca 1990, pamene linapezeka m'mapepala a Kaempfer osungidwa ku British Library. Anali Imamura Gen'emon, amene pambuyo pace anakwera nakhala mmodzi wa akulu a omasulira onse a ku Nagasaki. Dzina lace linakhala m'mdima zaka pafupifupi 300.

Kubisa dzinalo kunali ndi cifukwa cace, monga zinaonekera pa dotolo wina wa ku Germany, Philipp Franz von Siebold, amene anafika ku Nagasaki m'caka ca 1823. Iyeyu analandira mapu a dziko la Japan kwa Takahashi Kageyasu, katswiri wa nyenyezi wa boma la shogun. Kuturutsa mapu otero kunali koletsedwa. Zitaululika m'caka ca 1828, Takahashi anamangidwa nafera m'ndende caka cotsatira, ndipo omasulira ena analangidwa. Siebold anangopitikitsidwa, nakalemba mabuku kwao, nachuka. Monga pa dooko la Mashotlane, mlendo anapita, mlandu unatsala ndi eni dziko.

Dooko lakale ndi tauni yatsopano

Pa Zambezi napo panadzakhala dooko la alendo. Makilomita ngati 9 kumtunda kwa mathithi, pamene mtsinje ucepa m'mimba, panali pooloka pa anthu a Sekute. Azungu anapacha Old Drift. M'caka ca 1898 F. J. Clarke, amene anthu anamucha Mopane, anakhazikika pamenepo, ndipo katundu wopita ku boma ndi ku masitolo a kumpoto anali kuoloka pomwepo, pa mabwato opalasidwa ndi Alozi. Malowo anali a cinyontho ndi udzudzu. Malungo anapha ambiri, makamaka aja oopsa amene mkodzo wa munthu usanduka wakuda. Manda a Azunguwo alipo lero m'kati mwa nkhalango yosungira nyama ya Mosi-oa-Tunya, koma maina a opalasa amene anawaolotsa sanalowe m'mabuku a mbiri.

Njanji yocokera ku Bulawayo inafika tsidya la kumwera m'caka ca 1904. Ulalo wacitsulo, wotalika mamita 198, woima mamita 128 pamwamba pa madzi, unatsegulidwa pa 12 September, 1905. M'caka comweco boma linasamutsa anthu a pa Old Drift kumka pa mtunda wamcenga, makilomita ngati 10 kumpoto kwa mathithi, ndipo apo ndi pamene panayambira tauni ya Livingstone. Boma linacoka ku Kalomo kudza kumeneko m'caka ca 1907, ndipo kuyambira 1911 kufikira 1935 tauniyi inali likulu la Northern Rhodesia yense, lisanasamukire ku Lusaka. Pa ulalo umenewu ndi pamene panadzapita malasha a ku Wankie opita ku migodi ya mkuwa, ndi mkuwa womka ku nyanja.

Ulalo unatha nchito ya dooko, koma unadzetsa alendo a mtundu wina, odzaona mathithi cabe. Opalasa anayamba kuwatengera ku zilumba. Tsidya la kumwera, kuyambira 1920 kufikira 1957, alendo a pa Victoria Falls Hotel anali kukwera tingolo ta pa njanji yaing'ono, tokankhidwa ndi amuna othamanga pa dzuwa. Pa zithunzi za masiku amenewo anthuwa aonekapo ambiri, atabvala yunifomu, ataima kumbuyo kwa alendo, ndipo kawirikawiri pansi pa cithunzi pamalembedwa maina a okhala pansi okha.

Tauni yomwe inamangidwa mosiyanitsa anthu. Azungu anatenga malo okwera ndi a mphepo yabwino, kumayadi, kumene dera lina lichedwa Highlands. Munthu akaima kumtundako m'miyezi ya March ndi April, madzi atadzaza, aona nthunzi ya mathithi itaima kumwera ngati mtambo. Amwenye anali ndi msewu wao wa masitolo, ndipo anthu akuda anali ku komboni ya Maramba. Amene anadziwa mtsinje anali kulowa kumayadi monga akhukhi, a m'dimba ndi olondera, citupa ciri m'thumba.

Ku Maramba nako kunali alendo ace. Amuna ocokera ku Ulozi, ku Fort Jameson ndi ku Nyasaland anali kupyola pa Livingstone pomka ku Wankie, ku Bulawayo ndi ku Joni, ena natsalira pomwepo pa nchito ya njanji, ya ukalaliki m'maofesi a boma, kapena ya matabwa ku Zambezi Sawmills. Ali yense wa iwo anafuna munthu wakwao womlandira, womuuza kumene alembetsa citupa, kapitao amene ali ndi mtima wabwino, ndi njira imene apolisi sapitamo. Anamlondola amenewa sanalipidwe kanthu, koma popanda iwo ambiri sakadafika kumene anali kupita. A pa mgodi adziwa zomwezi: wolowa kumene pansi amaphunzira kwa mnzace wakale kugogoda mwala wa kudenga ndi kumva ngati uli wolimba.

Masiku a ufulu

Zambia atalandira ufulu pa 24 October, 1964, malamulo osiyanitsa anthu anatha, ndipo msewu waukulu wa Mainway unasanduka Mosi-oa-Tunya Road. Koma zaka za nkhondo ya ku Rhodesia zinali zowawa pa tauniyi. Malire anatsekedwa m'caka ca 1973, ndipo alendo anacepa ndithu. Zinthu zinayamba kusintha m'caka ca 1981, pamene mabwato a mphira anatsika koyamba m'zigwembe za kunsi kwa mathithi. Anyamata a m'midzi ya Mukuni anayamba ndi kusenza mabwatowo potsika ndi pokwera phompho, ndipo ena mwa iwo anaphunzira kufikira anakhala oongolera. M'caka ca 1989 bungwe la UNESCO linaika mathithiwa m'gulu la malo a mtengo wapatali a dziko lonse, ndipo m'mwezi wa August, 2013, Livingstone pamodzi ndi tauni ya Victoria Falls analandira msonkhano waukulu wa maiko onse wa za alendo.

Lero nyumba zina za ku Highlands zinasanduka zogona alendo, ndipo m'mawa pa zipata zace pamaima anamlondola ndi oyendetsa matakisi. Madzi akacepa m'cilimwe, mabwato a injini amapita pa kacilumba kaja ka 1855, kamene tsopano kachedwa Livingstone Island, ndipo alendo amasambira pa dziwe la Devil's Pool pamlomo pa phompho, namlondola atawagwira miyendo. Lamulo lace ndi lija la Tuba Mokoro: cimene mwini madzi wanena, mlendo asatsutse.

M'tauni momwemo muli zambiri zimene mlendo woyenda yekha angazipitirire osadziwa. Muli nyumba yosungiramo zinthu zakale, imene inayamba m'caka ca 1934 ndi kulowa m'nyumba yace ya tsopano m'caka ca 1951, momwe muli makalata ndi zipangizo za Livingstone. Muli chalichi ca St. Andrew's ca masiku a likulu, ndi sunagoge wakale wa Ayuda amene anadza kudzacita malonda a ng'ombe, m'mene tsopano mupemphera Akristu. Muli masitima akale a nthunzi amene anali kukoka matabwa a ku Mulobezi. Zipupa sizilankhula, afotokoza ndi munthu amene agogo ace anagwira nchito m'menemo.

A ku Nagasaki anazindikira zomwezi. Mzinda wao unaphwasulidwa ndi bomba la atomu pa 9 August, 1945, numangidwanso. Dejima tsopano ali pakati pa mzinda, pakuti nyanja yomzinga inakwiriridwa, ndipo nyumba zace zinamangidwanso monga zinaliri kale. M'caka ca 2006 mzindawo unakonza cionetsero ca maulendo a pansi ochedwa saruku, mau a cinenero ca komweko otanthauza kuyendayenda, ndipo otsogolera alendo anali anthu wamba a mumzindamo, ofotokoza za misewu imene anakuliramo. Kumene makolo ao analumbira kubisa, iwo amaonetsa poyera, ndipo amayamba ndi kuchula maina ao.

Munthu wa ku migodi kapena wa m'tauni amene adzapita ku Livingstone pa chuti acita bwino kufuna munthu wa komweko womuyendetsa, kupangana naye mtengo asananyamuke, ndi kumlipira mosanyinyirika, pakuti cimene agula ndi nzeru ya zaka zambiri pamodzi ndi citetezo ca moyo wace. Amfunse dzina limene agogo ace anali kuchula mathithiwo, ndi malo amene mlendo sayenera kupondapo. Ndipo pobwera, pofotokozera a kunyumba zimene anaona, achulenso dzina la amene anamuonetsa. Mlendo ndi mame, sakhalira kukamuka; wotsala ndi mtsinje ndiye mwini dooko.